Mbatata za ku Germany, Tchana wa Aluya: Kadzutsa wa Mwezi wa Chisanu

Juni wafika, ndipo kuno ku Dedza madzi ogonera mu ndowa ayamba kuluma zala m'mawa. Ana akuchoka pa mphasa mochita kukokedwa, akuluakulu akungozungulira mbaula. Nyengo ngati ino mimba imapempha zonona ndi zamchere: mandasi otentha, tchipisi cha pachiwaya, soseji. Ine ndimazidziwa bwino zimenezi chifukwa nkhondo yake ili m'nyumba mwanga momwe. Chaka chatha kuchipatala anawapeza abambo akunyumba ndi vuto la kuthamanga kwa magazi, n'kuwauza kuti achepetse mchere ndi mafuta. Chiyambire tsiku limenelo, ndiwo zilizonse zimene ndaphika akhala akuzitchula kuti "zakuwodi". Amadya mwaulemu, koma dzanja limakhala likufufuza kabotolo ka mchere pansi pa tebulo.

Mwezi uno ndikufuna ndikugawireni chakudya chimodzi chimene chinandithandiza pa nkhondo imeneyi. Sichinachokere kwathu kuno. Chinabadwira mumzinda wa Berlin ku Germany, m'khitchini yaing'ono momwe munakumana amayi atatu a mitundu itatu. Mmodzi mwa iwo anali mwana wa achemwali anga aakulu.

Mmene chinabadwira

Mwanayu anapita kukaphunzira pa sukulu ya ukachenjede ya mpingo wathu ya Friedensau, kufupi ndi mzinda wa Magdeburg. Sukuluyi inayamba mu 1899, ndipo pamalopo nkhani ya chakudya sinamuvute chifukwa anali pakati pa abale. Mavuto anayamba atatumizidwa ku Berlin kwa miyezi ingapo kukaphunzira ntchito ku bungwe lina lothandiza anthu othawa nkhondo. Anapeza chipinda m'nyumba ya gogo wina wamasiye m'dera la Neukölln. Unali mwezi wa Disembala, nthawi imene kumeneko dzuwa limatuluka 8 koloko itadutsa n'kulowa 4 koloko isanakwane, madzi n'kumaundana m'misewu.

Tsiku loyamba la sabata, limene ambiri amati Lamulungu, anthu a ku Germany amakonda kudzuka mochedwa n'kudya chakudya chimodzi chachikulu cha m'ma 10 kapena 11 koloko, chophatikiza kadzutsa ndi nkhomaliro. Azungu amachitcha brunch. Gogo uja, pofuna kulandira mlendo wake, anaphika chakudya chimene amanyadira, chotchedwa Bauernfrühstück, kutanthauza kadzutsa wa mlimi. Ndi mbatata ya kachewere yowiritsa kenako n'kukazinga ndi anyezi, pamwamba n'kuthirapo mazira. Koma chimene chimapatsa fungo chakudya chimenechi ndi Speck, nyama ya nkhumba yonona yofutsa ndi mchere ndi utsi.

Mwana wathu ataona timagawo tofiira m'mbalemo anafunsa, ndipo atauzidwa, anakana mwaulemu monga tinamulerera potsata Levitiko 11. Koma Chijeremani chake chinali chochepa, moti sanathe kufotokoza bwino. Gogo uja anangochotsa mbaleyo osanena kanthu. Kwa masabata atatu anthu awiriwa ankangopatsana moni pakhomo, aliyense n'kumadyera kuchipinda kwake. Ndimakumbukira tsiku limene anandiimbira foni. "Amayi," anatero, "ndikungodya buledi ndi madzi otentha. M'sitolo ndikuopa kugula chilichonse chifukwa mawu oti Schwein ndikuwapeza ngakhale pomwe sindimayembekezera." Mawu amenewo amatanthauza nkhumba. Ndinamva m'kalankhulidwe kake kuti njala yake sinali ya m'mimba mokha.

Amene anathetsa nkhaniyi anali mayi wa ku Syria wokhala khomo loyang'anana nawo. Nkhondo ya kwawo inayamba mu 2011, ndipo mu 2015, Angela Merkel ali mtsogoleri wa boma, anthu pafupifupi 890,000 analowa m'dziko la Germany kudzapempha malo, ndipo ochokera ku Syria anali ochuluka kuposa a dziko lina lililonse. Mayiyu anali mmodzi wa anthu amenewo. Pokhala Msilamu, nayenso sadya nkhumba, ndipo anali atadutsamo kale m'manyazi okana chakudya cha mwininyumba. Anamutenga mwana wathu kupita naye ku msewu wa Sonnenallee, kumene kuli masitolo ambiri a Aluya, n'kumugulira tchana, tomato ndi phala la chitowe limene iwo amati tahini. Tsiku loyamba lotsatira anagogoda kwa gogo uja atanyamula poto, n'kunena kuti: "Amayi, inu kazingani mbatata zanu monga mumachitira, koma nyama ija isiyeni. Pamalo pake ndabweretsa izi."

Gogo anakazinga mbatata, mayi wa ku Syria anaphika msuzi wa tomato ndi tchana, mwana wathu anadula masamba n'kuswa mazira. Zonse zinathera m'chiwaya chimodzi. Kuyambira pamenepo mpaka tsiku limene anachoka, ankadya atatu.

Mbali iliyonse inabweretsa chiyani

Mbatata ndi chakudya cha mtima wa anthu a ku Germany monga ilili nsima kwa ife. Mu 1756 mfumu Frederick II ya ku Prussia inachita kulamula alimi kuti azidzala mbatata pofuna kuthana ndi njala, ndipo mpaka lero alendo amasiya mbatata pa manda ake ku Potsdam. Luso lawo lagona poti sakazinga mbatata yaiwisi m'mafuta ambiri ngati tchipisi. Amayamba aiwiritsa ndi makoko ake, n'kuisiya izizire, kenako n'kuiwambitsa m'mafuta ochepa mpaka itachita kakhungu kofiirira. M'nyengo yozizira amadyanso kwambiri kabichi ndi masamba ena olimba otchedwa Grünkohl, ofananako ndi repu wathu.

Kwa Aluya kunachokera zinthu ziwiri. Choyamba ndi shakshuka, mazira ophikira mumsuzi wa tomato, anyezi ndi adyo. Kwawo kwenikweni ndi kumpoto kwa Africa, makamaka ku Tunisia, koma anafalikira m'maiko ambiri a Aluya. Chachiwiri ndi fatteh, kadzutsa amene mabanja a ku Damascus amakonda kudya Lachisanu m'mawa: tchana wotentha, buledi wouma, ndi msuzi woyera wa mkaka wowawasa, chitowe ndi mandimu.

Mwana wathu atabwera kutchuthi anatiphikira pa mbaula, ndipo ndinadabwa kuona kuti pafupifupi zonse tinazigula pa msika wa Lizulu. Kachewere wa ku Ntcheu ndi Dedza ali pa nyengo yake, tomato ndi anyezi ali mbwee, chitowe chimalimidwa ku Chikwawa ndi ku Nsanje. Tchana amapezeka kwambiri m'misika ya kummwera ndi m'masitolo a amwenye. Ngati kwanu kulibe, nzama ndizo zimafanana naye kwambiri pakamwa, ndipo khobwe kapena nandolo wouma amagwiranso ntchito.

Zofunika, za anthu 6

Mbatata ya kachewere kilogalamu 1, pafupifupi mbatata 8 zapakatikati
Tchana wouma kapu 1
Anyezi 2 wamkulu
Tomato 6 wakupsa bwino
Tsabola wobiriwira wosawawa 1
Adyo tizigawo 4
Repu mtolo 1, kapena theka la kabichi wamng'ono
Mazira 6
Mafuta ophikira masupuni aakulu 3
Paprika wosawawa supuni yaing'ono 1
Cumin supuni yaing'ono 1, ngati alipo
Mchere supuni yaing'ono 1 yosasefukira

Za msuzi woyera: chitowe masupuni aakulu 4, chambiko kapu 1, ndimu 1.

Pa cumin pali kanthu kofunika kulongosola. M'Baibulo lathu la Buku Lopatulika, pa Mateyu 23:23, mbewu imeneyi anaimasulira kuti chitowe. Koma mukapita kumsika kukafunsa chitowe adzakupatsani timbewu toyera tamafuta tija timene timasinjira ndiwo. Ndi mbewu ziwiri zosiyana, ndipo m'chakudya chathuchi zonse zilimo. Cumin ndi timbewu tatitali tofiirira tonunkhira, timene timagulitsidwa m'timapaketi m'masitolo. Mukamusowa musadandaule, onjezerani adyo.

Kaphikidwe

Sabata likatha madzulo, sankhani tchana, mutsukeni, n'kumuviika m'madzi ambiri usiku wonse, maola 8 mpaka 12. Kuviika kumafupikitsa nthawi ya pamoto, choncho makala amapulumuka, komanso kumachepetsa mpweya wa m'mimba umene ena amadandaula nawo akadya za m'gulu la nyemba.

M'mawa tayani madzi oviikirawo, thirani atsopano, n'kumuwiritsa kwa ola limodzi kapena kuposerapo mpaka atamaphwanyika mukamutswanya ndi zala. Sungani kapu imodzi ya madzi ake. Pamene tchana akuwira, tsukani mbatata bwinobwino n'kuziwiritsa ndi makoko ake kwa mphindi 15 mpaka 20. Zipse koma zisafumbutuke: mpeni uzilowa movutikirako pang'ono pakati. Zitsanuleni pa lichero kuti zizizire kotheratu. Mbatata yotentha imamatirira pachiwaya n'kusanduka phala, pamene yozizira imadulika bwino ndipo simwa mafuta ambiri. Amene muli ndi fuliji mukhoza kuziwiritsiratu madzulo. Amene mulibe, wiritsani m'mawa momwemo, chifukwa chakudya chophika chikagona panja chimatha kuyambitsa matenda otsegula m'mimba ngakhale kukuzizira.

Podikira, konzani msuzi woyera. Kazingani chitowe pachiwaya chouma, moto wochepa, mukutakasa osaleka mpaka chitayamba kununkhira ndi kuthetheka. Chimapserera msanga, ndipo chikapserera chimawawa. Sinjani mu kamtondo mpaka chitatulutsa mafuta n'kukhala ngati chiponde. Sakanizani ndi chambiko ndi madzi a theka la ndimu. Chikalimba, onjezerani madzi owiritsa pang'ono kuti chizitha kuyenderera pa supuni.

Tsopano dulani mbatata zozungulirazungulira, zokhuthala ngati theka la chala chaching'ono. Tenthetsani masupuni 2 a mafuta m'chiwaya chachikulu n'kuyala mbatatazo osasanjikiza. Apa ndi pamene pali chinsinsi cha gogo wa ku Berlin: musazigwiregwire. Zisiyeni mphindi 4 kapena 5 mpaka pansi patafiirira, kenako mutembenuze kamodzi. Ngati chiwaya n'chaching'ono, kazingani kawiri. Zikapsa ziikeni m'mbale n'kuvundikira.

M'chiwaya chomwecho thirani supuni yotsala ya mafuta ndi anyezi wodula mopyapyala. Chepetsani moto. Anyeziyu afunika mphindi 10 kapena 15, mukutakasa mwa apo ndi apo, mpaka atafewa n'kusanduka wofiirira ngati uchi. Musathamange pamenepa, chifukwa kukoma kumene nyama yofutsa ija inkapereka tsopano kuchokera mwa anyeziyu. Akayamba kumatirira, dontheza madzi a tchana aja m'malo moonjezera mafuta.

Thirani tsabola wobiriwira, adyo wosinja, paprika ndi cumin, n'kutakasa kwa mphindi imodzi. Onjezerani tomato wodula ndi mchere, muphike mpaka tomato atasungunuka n'kukhala msuzi wokhuthala. Thirani tchana ndi theka la kapu ya madzi ake, kenako masamba odula. Masamba asapitirire mphindi 5 pamoto, akhalebe obiriwira.

Bwezerani mbatata m'chiwayamo mozikhazika pamwamba, osavundula kwambiri kuti kakhungu kaja kasanyowe konse. Ndi supuni, kumbani timaenje 6. Dzira lililonse muyambe mwaliswera m'kapu kuti muone ngati lili labwino, kenako mulithire m'kadzenje kake. Vundikirani, moto ukhale wochepa, kwa mphindi 8 mpaka 10. Ku Berlin ambiri amakonda kuti chikasu cha dzira chikhale chamadzimadzi, koma ine ndikulangizani kuti mazira apse mpaka kulimba, makamaka ngati pakhomo pali ana aang'ono, amayi oyembekezera, okalamba kapena odwala. Dzira losapsa limatha kukhala ndi tizilombo ta salmonella.

Phulani, finyirani theka lotsala la ndimu, dontheza msuzi woyera pamwamba, n'kuika chiwayacho pakati pa tebulo. Kumeneko amadyera buledi wakuda wa ufa wosakonola kapena buledi wopyapyala wa Aluya. Kwathu kuno kachidutswa ka chigumu cha mgaiwa chopanda shuga wambiri kamakwanira, ngakhale kuti chakudyachi pachokha n'chokhutitsa. Mabanja amene simudya mazira ndi mkaka, onjezerani tchana akhale makapu 2, ndipo msuzi woyera muupange ndi chitowe, ndimu ndi madzi basi.

Chifukwa chake n'chabwino m'thupi

Chimene chinachotsedwa m'chakudyachi sichinali chodetsedwa chabe. Mu 2015 nthambi yofufuza za khansa ya bungwe la WHO inaika nyama zofutsa ndi zokonzedwa kufakitale m'gulu la zinthu zimene zimayambitsa khansa, makamaka ya m'matumbo. Izi zikukhudza soseji ndi polony ngakhale zitakhala za ng'ombe kapena za nkhuku. Ndanena dala zimenezi chifukwa ena mwa ife timaganiza kuti bola si nkhumba, ndiye kuti zonse zili bwino.

Nyama zoterezi zimakhalanso ndi mchere wochuluka. Bungwe lomwelo limalangiza kuti munthu wamkulu asafike magalamu 5 a mchere pa tsiku, omwe ndi pafupifupi supuni yaing'ono imodzi. M'chakudya chathuchi supuni imodziyo yagawidwa kwa anthu 6. Lilime silidandaula chifukwa lapatsidwa zina zoti limve: kutsekemera kwa anyezi wofiirira, kuwawasa kwa ndimu ndi chambiko, fungo la adyo ndi chitowe. Anthu a ku Germany amaika nkhaka zoviika mu viniga pambali pa mbale yawo. Ife taika ndimu, imene ili ndi ntchito inanso: vitamini C wa m'ndimu ndi tomato amathandiza thupi kuyamwa ayironi wa m'tchana ndi m'masamba, amene amafunika popanga magazi.

Dzira limodzi lili ndi magalamu pafupifupi 6 a zomanga thupi, ndipo tchana amaonjezera zina pamodzi ndi zakudya za gaga zimene zimachedwetsa njala. N'chifukwa chake munthu akadya cha m'ma 10 koloko amatha kugwira ntchito kudimba mpaka masana osafunafuna zotolatola. Izi zikugwirizana ndi uphungu umene takhala tikuphunzitsana mu mpingo kuyambira kale, wakuti chakudya cha m'mawa chizikhala champhamvu, chamadzulo chizikhala chopepuka. Pa tsiku lotere, phala kapena zipatso cha m'ma 5 koloko madzulo n'zokwanira.

Zoyenera kusamala

Amene muli ndi matenda a shuga ndipo mumamwa mankhwala kapena kubaya insulin, musadikire 10 koloko muli ndi njala. Shuga akhoza kutsika kwambiri mpaka kukomoka. Idyani kanthu pa nthawi yanu ya masiku onse, ndipo musasinthe nthawi ya chakudya musanafunse kuchipatala. Mbatata ili m'gulu limodzi ndi nsima, choncho tengani yosaposa chibakera chanu, muchulutse masamba ndi tchana, ndipo musaonjezerepo nsima kapena buledi.

Mbatata imene yabiriwira kapena yaphuka kwambiri imakhala ndi poizoni wotchedwa solanine, amene satha ndi kuphika. Dulani mbali yobiriwirayo mozama, ndipo ngati yabiriwira ponseponse kapena ikuwawa, itayeni.

Chomaliza ndi mbaula. Mwezi uno chiyeso chimakhala chachikulu cholowetsa mbaula m'nyumba n'kutseka mazenera. Makala amatulutsa mpweya wakupha umene suoneka ndipo sununkha. Umayamba ndi mutu ndi chizungulire, kenako tulo tosadzukanso. Phikirani pakhonde kapena m'khitchini yotsegula, ndipo musagone ndi mbaula m'chipinda ngakhale kutazizira chotani.

Ngati mukufuna chakumwa chotentha pamene chakudya chili pamoto, wiritsani chidede chouma. Anthu a ku Egypt ndi Sudan amachitcha karkade, ndipo amachimwa chotentha m'nyengo yozizira. Chilibe kafini, ndipo uchi pang'ono umakwanira.

Kunyumba kwathu zinatha bwanji

Tsiku limene mwana uja anaphika, abambo akunyumba anayang'ana chiwayacho mokayikira. "Mwanawe," anatero, "nsima ibwera nthawi yanji?" Iye anaseka n'kuyankha kuti, "Bambo, yambani mwalawa, nsima ikafunika ndikaphika." Nsimayo sinaphikidwe. Ine maso anga anali pa dzanja lawo lamanzere, lija limapita pansi pa tebulo. Silinapite. Anapempha ndimu ina.

Sindikunena kuti chiwaya chimodzi chinachiza matenda awo. Mankhwala akumwabe tsiku lililonse, ndipo kusikelo ya magazi amapita mwezi ndi mwezi. Chimene chinasintha ndi ine. Kwa chaka chathunthu ndinkangochotsa: mchere, mafuta, nyama, osabwezerapo kanthu, kenako n'kumadabwa kuti munthu akudya ngati akumwa mankhwala. Ndinkachita zimene mwana wathu anachita tsiku loyamba lija, kukana mbale popanda kubweretsa ina. Mayi wa ku Syria uja anabwera ndi poto m'manja. Tsopano ngakhale pophika nyemba kapena mpiru wamba, ndimayamba ndafiiritsa anyezi modekha, ndipo ndimu sachoka patebulo.

Mwezi uno yesani chakudyachi tsiku loyamba lina m'mawa. Ngati pafupi nanu pali munthu amene amadya yekha, kaya ndi gogo wamasiye, kaya mphunzitsi wobwera kumene, kaya mnansi wa chipembedzo china, muitaneni, pakuti mulibe chilichonse m'chiwayachi chimene angachite nacho manyazi kukana. Mukaphika ndi nzama kapena khobwe, tilembereni mutiuze mmene zinakhalira. Mwezi wamawa tidzakambirana za kufutsa masamba kuti mfutso usataye mtundu ndi mphamvu yake.

Khalani ndi thanzi labwino, ndipo muwafunditse ana.